Ulendo Woyenda Pansi ku Bandawe Kuchokera mu Mzuzu: Mafunso ndi Mayankho

Mafunso ali m'munsiwa ndi amene anthu a mu Mzuzu amatifunsa kawirikawiri, ena pafoni, ena pa WhatsApp, ena tikakumana nawo kutchalitchi kapena kumsika. Tawaika pamodzi kuti munthu asanalembetse adziwe bwino kumene akupita. Funso likakhala kuti layankhidwa kale pena, takulozerani komweko.

Kodi ulendowu ndi wotani?

Ndi wa tsiku limodzi, kupita ndi kubwerako. Timanyamuka mu Mzuzu m'bandakucha pa minibasi, kutsetsereka mpaka kunyanja, n'kukasiya galimoto kufupi ndi Bandawe, kummwera pang'ono kwa Chintheche m'boma la Nkhata Bay. Kuyambira pamenepo ndi wapansi. Timayamba ndi doko la asodzi, kenako timatsata gombe, pena pamchenga pena pamiyala, kudutsa m'minda ya chinangwa ndi m'midzi, kukafika pa tchalitchi chakale cha mishoni ndi manda a amishonale. Nsima ya masana timadyera m'mudzi. Amene amatitsogolera tsiku lonse ndi munthu wobadwira komweko.

Bwanji Bandawe, pamene Nkhata Bay ndi pafupi?

Pa Nkhata Bay ambiri a ife tinafikapo kale. Timapita Loweruka kapena pa Khirisimasi, kukhala pamchenga pa Chikale, kuotcha nyama, kusambira, dzuwa likapendeka n'kukwera galimoto. Palibe cholakwika pamenepo. Koma munthu atha kupita choncho zaka khumi osadziwa kuti usipa umene amagula ku Zigwagwa umagwidwa bwanji, kapena kuti sukulu ndi mpingo zimene zinaphunzitsa agogo ake zinafalikira kuchokera pati. Ku Bandawe zinthu ziwirizi zili malo amodzi: mudzi wa asodzi umene ukugwirabe ntchito yake, ndi malo amene mishoni ya Livingstonia inakhazikika mu 1881. Gombe la kumeneko ndi lotambalala, choncho limayendeka bwino kusiyana ndi la ku Nkhata Bay kumene mapiri amatsikira m'madzi mwenimweni.

Timanyamuka nthawi yanji, ndipo tikumana pati?

5 koloko m'mawa, pafupi ndi depoti ya mabasi. Okhala kutali monga ku Luwinga, Mchengautuwa kapena Zolozolo akonzeretu za kabaza dzulo lake, chifukwa nthawi imeneyo njinga zimasowa. Sitidikira munthu kupitirira mphindi 15. Sikuti ndi nkhanza ayi. Mabwato amene anagona panyanja amakocheza dzuwa likungotuluka, ndipo tikachedwa ndi ola limodzi tikapeza nsomba zagulidwa kale, asodzi apita kokagona.

Kubwerera timanyamuka kunyanja cha m'ma 3 koloko masana kuti tikwere mapiri kusanade.

Msewu wake uli bwanji?

Ndi wa tara, wa M5. Kuchoka mu Mzuzu kukafika ku Bandawe ndi makilomita opitirira 80, ndipo timayenda pafupifupi maola awiri. Chigawo choyamba ndi chotsetsereka komanso chokhotakhota, chifukwa Mzuzu ali pamtunda wa mamita pafupifupi 1,250 pamene nyanja ili pa mamita osafika 500. Amene amachita chizungulire m'galimoto akhale kutsogolo ndipo asadye zamafuta m'mawa. Tikadutsa Mpamba, tisanalowe pa boma, timakhotera kummwera n'kulowa m'nkhalango ya mitengo ya labala ya Vizara, kumene anyamata amagulitsa mipira yoluka ndi timizere ta labala m'mbali mwa msewu. Kenako timawoloka mtsinje wa Luweya, n'kufika pa Chintheche.

Mudzatuluka m'nyumba mutavala juzi. Pofika ku Vizara mudzakhala mutaivula.

Tiyenda mtunda wautali bwanji? Munthu wachikulire angathe?

Njira yathu ndi ya makilomita pakati pa 8 ndi 10, kutengera ndi m'mene madzi alili chaka chimenecho. Nyanja ikadzaza kwambiri, monga inachitira mu 2024, malo ena a mchenga amamira ndipo timazungulira kumtunda. Palibe phiri lalikulu lokwera, koma mchenga umalemetsa miyendo, ndipo dzuwa la kunyanja si la mu Mzuzu. Timayenda pang'onopang'ono, kupuma pafupipafupi pansi pa mitengo ya mango.

Munthu amene amatha kuyenda kuchoka ku Katoto kukafika ku Luwinga osavutika, ulendowu authana nawo. Agogo, amayi oyembekezera ndi amene ali ndi vuto la mawondo kapena la kuthamanga kwa magazi atiuziretu polembetsa. Minibasi imatidikira pamalo awiri pamene njira yathu imayandikira msewu, ndiye wotopa atha kukwera n'kukatipeza pa nsima.

Ndivale chiyani, nditenge chiyani?

Nsapato zokhala ndi zingwe, zimene munazizolowera kale. Masilipasi amaterera pamiyala ndipo mchenga wa masana umawotcha mapazi. Tengani chipewa kapena ambulera, madzi akumwa osachepera malita awiri, chitenje, ndi ndalama zing'onozing'ono za m'manja. Amene mukufuna nsomba tengani ndowa yokhala ndi chivindikiro. Mankhwala anu a masiku onse musawasiye.

Za kavalidwe: pagombe la malo ogona alendo anthu amavala m'mene afunira, koma ife timadutsa pakhomo pa anthu ndi pabwalo la tchalitchi. Amayi amange chitenje pamwamba pa kabudula kapena thalauzi yothina tikamalowa m'mudzi, ndipo abambo asayende chifuwa pamtunda.

Woperekeza ndi wa chiyani? Kodi sindingangopita ndekha?

Mungathe. Nyanja ilibe mpanda, ndipo maminibasi a ku Chintheche amanyamuka pa depoti tsiku lililonse. Koma mukapita nokha mudzaona madzi, mchenga ndi mabwato, basi. Mudzadutsa pa mtengo umene akuluakulu amaweruzirapo milandu ya padoko osadziwa, mudzaponda ukonde woyanikidwa mwini wake akuona, mudzalowa kumanda osapempha. Anthu a kumeneko ndi aulemu, mwina sadzakuuzani kanthu, koma sadzakutsegulirani pakamwa.

Woperekeza wathu ndi mwana wa m'mudzimo. Amene akusoka ukonde pamthunzi paja ndi amalume ake, amene akutembenuza usipa pathandala ndi alamu ake. Iye akati, “Awa ndi alendo anga, achokera ku Mzuzu,” mpando umatuluka, nkhani zimayamba. Ndiye amadziwa malo amene ng'ona inaoneka sabata ino, njira imene yatsekedwa chifukwa cha maliro, ndi nyumba imene safuna kujambulidwa. Ulendo usanachitike amakadziwitsa a mfumu ndi a komiti ya padoko kuti kukubwera anthu.

Ife timaona kuti ichi ndicho mutu wa ulendo wonse. Kumene tikupitako ndi kwawo kwa anthu, ndiponso ndi kuntchito kwawo. Mlendo wolowa kudzera kwa mwini mudzi amaona zambiri, ndipo amasiya mbiri yabwino yoti anzake adzalandiridwenso. Safunsa anadya phula.

Bandawe ili ndi mbiri yotani?

Amishonale a Free Church of Scotland atabwera mu 1875 ndi sitima yawo yaing'ono ya Ilala, anayamba kukhala ku Cape Maclear, kummwera kwa nyanja. Malungo anawasautsa kumeneko, ena anamwalira, ndipo anthu otembenuka mtima anali ochepa kwambiri. Mu 1881 Dr Robert Laws anasamutsira likulu la mishoni ku Bandawe, pakati pa Atonga.

Nthawi imeneyo dera lino linali pa nkhondo. M'zaka za m'ma 1870 Atonga ambiri amene anali pansi pa Angoni a kumapiri anathawa n'kubwerera kunyanja, kumene anamanga midzi ikuluikulu yozingidwa ndi malinga, monga wa Mankhambira ku Chintheche ndi wa Marenga kufupi ndi Bandawe. Angoni atawatsatira anagonjetsedwa pa Chintheche, koma mantha a nkhondo sanathe. Mafumu a Atonga analandira amishonale akuyembekezera kuti awathandiza kudziteteza. Amishonale anakana kumenya nawo nkhondo, ndipo panali kusamvana kwa zaka zingapo pa nkhani imeneyi. Chimene anthu anachigwira ndi manja awiri ndi sukulu. Ana a Atonga anadzaza m'makalasi, ndipo pasanapite nthawi yaitali anyamata ophunzira ku Bandawe anali aphunzitsi, makalaliki ndi akapitawo kuyambira ku Blantyre mpaka ku migodi ya ku Rhodesia ndi ku Johannesburg.

Malungo anawatsatirabe amishonale. Mukaima pamanda aja n'kuwerenga zaka zolembedwa pamiyala, mudzaona kuti ena anafa asanakalambe n'komwe. N'chifukwa chake mu 1894 Laws anakwera phiri kukamanga ku Khondowe, kumene lero timati ku Livingstonia. Bandawe sinatsekedwe, inapitiriza ngati siteshoni ya mishoni, ndipo mpaka lero m'derali muli sukulu za mpingo, kuphatikizapo sekondale ya atsikana ndi sukulu ya ana a vuto la kumva. Zonsezi zili pansi pa Sinodi ya Livingstonia ya CCAP, imene likulu lake lili mu Mzuzu momwe muno. Kwa Mkhristu wa ku Katawa kapena ku Chibavi, kupita ku Bandawe ndi kukaona kumene mpingo wake unakulira.

Pa tchalitchi chakale cha njerwa timakhalapo pafupifupi ola. Timapempha chilolezo kwa akuluampingo tisanalowe, ndipo kumanda timalankhula motsitsa mawu.

Ndinamva kuti kumeneko kunachokera anthu otchuka. Ndi ndani?

Awiri ndiwo woperekeza sawasiya. Woyamba ndi Clements Kadalie, wobadwa mu 1896 m'mudzi wa Chifira, kufupi ndi Bandawe. Anaphunzira sukulu za mishoni, anaphunzitsako pang'ono, kenako anatsika kummwera kukafuna ntchito monga ankachitira anzake ambiri. Mu 1919 ku Cape Town anayambitsa bungwe la anthu apantchito la ICU, limene m'zaka za m'ma 1920 linakula kukhala bungwe lalikulu koposa la antchito akuda ku South Africa. Anamwalirira ku East London, m'dziko lomwelo, mu 1951. 

Wachiwiri ndi Eliot Kamwana, amenenso anaphunzira ku Bandawe ndi ku Livingstonia. Atakumana ndi mmishonale wa ku England, Joseph Booth, ku South Africa, anabwerera mu 1908 ndi chiphunzitso cha Watch Tower, ndipo m'miyezi yochepa anabatiza anthu pafupifupi 10,000. Ankatsutsa msonkho wa atsamunda poyera. Boma linamuchotsa m'dziko mu 1909, ndipo analoledwa kubwerera kwawo mu 1937.

Boma la Nkhata Bay linatulutsanso Orton Chirwa ndi Kanyama Chiume, koma nkhani zawo ndi za madera ena a bomali.

Padoko tikaona chiyani?

Tikafika cha m'ma 7 koloko timapeza mabwato omaliza akukocheza. Usipa amaugwira usiku ndi ukonde wotchedwa chilimira. Munthu mmodzi, amene amamutcha siginala, amakhala m'kabwato kakang'ono ndi nyali zowala kwambiri. Nsomba zimatsata kuwala n'kuunjikana pansi pake, ndiye anzake a m'mabwato awiri amazunguliza ukonde, iye n'kuzikokera pang'onopang'ono pakati pa ukondewo. Kale nyalizo zinali za palafini, lero ambiri akugwiritsa ntchito mababu a batire. N'chifukwa chake mukagona kunyanja usiku wa mdima mumaona mzere wa magetsi kutali pamadzi. N'chifukwa chakenso usipa umakwera mtengo mu Mzuzu mwezi ukakhala wathunthu: kumwamba kukawala, nsomba sizilabadira nyali.

Bwato likangogunda mchenga, amayi amalizinga ndi mabeseni, madzi akuwafika m'mawondo. Mtengo umakambidwa pompo, mofuula, m'Chitonga chothamanga. Anyamata amene akoka ukonde usiku wonse amakhala chete pambali, maso ali psuu, manja atatuwa ndi mamba, kudikira gawo lawo. Kumtunda kuli mathandala, matebulo ataliatali a mitengo ndi bango kapena ukonde wakale, pamene usipa amauyanika. Wina amayamba aufutsa m'madzi owira a mchere, wina amauyanika wauwisi, ndipo nsomba zikuluzikulu amaziwamba pamoto. Mukaima pafupi mudzaona mayi akuyendetsa chikhatho pamwamba pa usipa, kuutembenuza kuti uume mofanana, kwinaku akuthamangitsa nkhuku ndi mwendo.

Mudzaonanso osoka matchera, ndipo mwina mmisiri akusema bwato kapena kumata ming'alu yake. Funsani asodzi achikulire za m'mene nsomba zinalili kale. Onse adzakuuzani chimodzimodzi, kuti zikuchepa, kuti chambo ndi mpasa sizionekanso monga kale, ndipo kuti maukonde a maso ang'onoang'ono, makamaka maneti a udzudzu, akupha nsomba zisanakule. Makomiti a padoko ndi alangizi a zausodzi akulimbana ndi zimenezi, kulanda maukonde oletsedwa ndi kuteteza malo amene nsomba zimaswanirana. Ndi nkhani yowawa m'mudzi, chifukwa wolandidwa ukondeyo ndi mbale wawo yemwe. Mverani, musafulumire kuweruza.

Tingagule nsomba?

Inde, ndipo timakondwa mukagula, chifukwa ndalamayo imatsala m'mudzi. Usipa wouma ndiwo wosavuta kunyamula. Nsomba zaziwisi monga batala, kampango kapena utaka sizingapirire dzuwa la tsiku lonse, choncho woperekeza amakonza zoti muzisiye kwa mayi wina aziwambe, mudzazitenge pobwerera, mutamulipira pang'ono.

Kunenerera ndi mwambo wa pamsika, koma chitani mwaulemu. Chonde musagule tiana ta chambo ngakhale mtengo wake utatsika bwanji. Chifukwa chake tafotokoza pa funso la padoko.

Chakudya cha masana ndi chiyani?

Kondowole, nsomba, ndi chigwada chotendera kapena ndiwo zina zamasamba za nyengo imeneyo. Amaphika ndi amayi a m'mudzimo. Kondowole ndi nsima ya ufa wa chinangwa: amasenda chinangwa, kuchiviika m'madzi masiku angapo kuti chifewe ndi kuchotsa kuwawa, kuchisinja, kuchiyanika, kenako n'kupanga ufa. Poyenda mudzaona timibulu take toyera titayanikidwa pamiyala ndi pamphasa, ndipo fungo lake mudzalimva musanatione. Ndi nsima yonanda, yolemera m'mimba, ndipo ndi batala wowamba imakoma kwabasi.

Amene simudya kondowole nenani polembetsa, tikukonzereni ya mgaiwa kapena mpunga. Chimodzimodzi amene simudya nsomba zopanda mamba monga kampango.

Madzi akumwa ndi anu amene mwatenga, kapena a pamjigo. A m'nyanja musamwe, ngakhale aoneke oyera bwanji. Mliri wa kolera wa mu 2022 unavuta kwambiri m'madoko a boma lino. Timanyamula sopo ndi ndowa yosambira m'manja.

Kodi tisambira? Nanga ng'ona ndi likodzo?

Timapatula ola limodzi titatha kudya, pamalo amene woperekeza wasankha tsiku limenelo. Kwina kulikonse ayi. Ng'ona zimakonda pamene mitsinje imathirira m'nyanja ndi m'mabango, ndipo zimayendayenda kwambiri nthawi ya mvula mitsinje ikasefukira. Woperekeza akati pano ayi, ndi ayi, ngakhale muone ana a m'mudzi akusewera pomwepo.

Likodzo m'nyanja ya Malawi lilimo. Tizilombo take timakhala mu nkhono za m'madzi odekha, osaya, a zomera zambiri, ndipo timalowa pakhungu. Pamchenga poyera pamene mafunde amamenya chiopsezo chimachepa, koma sichitheratu. Amene mwasambira mukafunse kuchipatala za mankhwala a praziquantel. Amamwedwa patapita masabata angapo, osati tsiku lomwelo, ndipo mlingo wake umatengera kulemera kwa thupi. Mukaona magazi m'mikodzo musazengereze.

Osadziwa kusambira asapitirire madzi a m'chiuno. Nyanjayi pena imazama mwadzidzidzi, ndipo chigawo chake chozama koposa, mamita pafupifupi 700, chili konkuno kumpoto.

Tingakwere bwato la asodzi?

Ayi, pa ulendo wathu sitilola. Bwato losema limafuna munthu wolizolowera kuyambira ali mwana, ndipo mulibe majekete opulumutsira. Kujambulitsa mutakhala pa bwato lokocheza pamchenga n'kotheka, mwini wake akalola.

Zithunzi tingajambule momasuka?

Nyanja, miyala, mbalame, tchalitchi ndi anzanu a paulendo, jambulani m'mene mungathere. Nkhwazi zimapezeka m'mitengo ya m'mphepete, ndipo kukakhala kopanda chifunga mapiri a ku Mozambique amaoneka kutsidya. Koma munthu aliyense muyambe mwamupempha. Pamalo osambira amayi kapena abambo foni ibwerere m'thumba, ndipo woperekeza amatidutsitsa kumtunda. Ana osavala musawajambule konse, ngakhale iwo eni akukuitanani. Zimatipweteka mtima kuona chithunzi cha mwana wa munthu chikuyenda pa Facebook ndi mawu omvetsa chisoni amene makolo ake sanawavomereze. Amene mwamujambula muonetseni chithunzicho, ndipo ngati ali ndi foni mutumizireni.

Nyengo yabwino yopitira ndi iti?

Kuyambira Meyi mpaka Seputembala kumayendeka bwino, kunja kuli kozizirirako. Vuto la miyezi ya Juni, Julayi ndi Ogasiti ndi mwera, mphepo yochokera kummwera imene imautsa mafunde aakulu. Mwera ukalimba asodzi salowa panyanja, ndiye padoko pamakhala zii, ndipo kusambira timaimitsa. Okutobala ndi Novembala nyanja imadekha koma kumatentha koopsa, moti timafupikitsa njira. Boma la Nkhata Bay limalandira mvula yambiri kuposa madera ochuluka m'dziko muno, ndipo imatha mochedwa, nthawi zina mpaka mu Meyi. M'dzinja timapitabe, koma kukagwa yamphamvu usiku timasintha tsiku.

Ofuna kuona usipa wambiri asankhe sabata imene mwezi uli mumdima. Tikamaika masiku timayang'ananso zimenezo.

Anzanga anajambula utsi ukufuka pakati pa nyanja. Chimayaka ndi chiyani?

Palibe chimayaka. Ndi nkhungu, tizilombo ting'onoting'ono touluka timene timaswa pansi pa madzi n'kutuluka tonse pamodzi, mamiliyoni osawerengeka, mpaka kuoneka ngati utsi wa moto wolusa. Mphepo ikatikankhira kumtunda, amayi amatikola ndi malichero kapena madengu onyowetsa, kutikanya timikate, kukulunga m'masamba, kuphika n'kuyanika. Ndi ndiwo. Sitiluma. Ngati tsiku lanu mwapeza nkhungu zafika, tsekani pakamwa poyenda, ndipo mukapatsidwa lawani.

Sindidziwa Chitonga. Ndimvana nawo bwanji anthu?

Pafupifupi aliyense amamva Chichewa ndi Chitumbuka, ndipo agogo ena amene anagwira ntchito kunja amalankhula Chingerezi chabwino zedi. M'minibasi woperekeza amatiphunzitsa moni wa Chitonga ndi kathokozedwe. Gwiritsani ntchito. Musadutse munthu wamkulu osamulonjera, ngakhale gulu likufulumira.

Tingatenge mowa ndi sipika?

Pa nthawi yoyenda ayi. Mowa ndi dzuwa la kunyanja sizigwirizana, ndipo ngozi zambiri za m'madzi pa maulendo a chisangalalo zimayambira pamenepo. Sipika nayonso imatilanda chimene tapitira: simungamve woperekeza, simungamve asodzi, ndipo m'mudzi muli odwala ndi anthu amene agona m'mawa atagwira ntchito usiku wonse. Pobwerera m'minibasi nyimbo ndi zanu.

Mabotolo ndi majumbo onse timabwerera nawo ku Mzuzu.

Tikaonako malipenga?

Sitingalonjeze, chifukwa sitiitanitsa gule kuti avinire alendo. Malipenga ndi gule wa abambo amene anayamba potsanzira perete wa asilikali pambuyo pa nkhondo yoyamba ya dziko lonse. Amavala zoyera zotchena bwino, masokosi ataliatali, n'kumaimba ndi zikho zoboola, ng'oma yaikulu ikugunda. Nthawi yake ndi chilimwe, anthu akamaliza kukolola, midzi ikamayenderana kukapikisana. Chilimika, gule wa atsikana ndi amayi, ndi wa nyengo ya Chaka Chatsopano. Woperekeza akamva kuti tsiku lathu kuli gule pafupi, timasintha njira kuti tikaonere nawo limodzi ndi eni mudzi, ndipo kufupa ovina n'kololedwa.

Ana akamatipempha ndalama tichite chiyani? Tingatenge mphatso?

Musapereke ndalama kapena maswiti kwa ana panjira. Zikazolowereka, ana amayamba kujomba kusukulu kudikira alendo, ndipo makolo a kumeneko amadandaula nazo. Ngati mtima wanu wafuna kuthandiza, makope, zolembera kapena mpira tipereke kudzera kwa aphunzitsi kapena a mfumu, anthu akuona. Njira ina yabwino ndi imene tanena kale: gulani nsomba, ufa wa kondowole, nthochi, mphasa.

Tikapeza maliro m'mudzi zimatha bwanji?

Zimachitika. Tikaona masamba atayalidwa panjira, timavula zipewa, kusiya kucheza mokweza, n'kutsata woperekeza. Nthawi zambiri amatizungulitsa njira ina. Ngati ndi pakhomo loyandikana ndi pamene timadyera, awiri kapena atatu a ife timapita naye kukakhala pansi pang'ono ndi kupereka chipepeso m'dzina la gulu lonse. Ngati maliro ndi a pabanja la woperekeza kapena la a mfumu, ulendo timausintha tsiku, ndipo timakudziwitsani mwamsanga m'mene tingathere.

Wina akadwala kapena kuvulala panjira?

Timayenda ndi bokosi la chithandizo choyamba, ndipo minibasi siikhala kutali. Pa Chintheche pali chipatala, ndipo chachikulu cha boma la Nkhata Bay chili m'njira yathu yobwerera. Udzudzu wa kunyanja ndi wambiri kuposa wa mu Mzuzu. Mukamva kutentha thupi kapena kuphwanya m'nthawi ya masabata awiri mutabwerako, kayezetseni malungo.

Kodi mumatenga ana a sukulu ndi magulu a kumpingo?

Inde, ndipo magulu a ana a sukulu ndiwo timawakonda koposa, makamaka a sekondale amene akuphunzira mbiri ya amishonale ndi ya mipingo yoyambitsidwa ndi Amalawi. Zimene amaloweza m'kope amakaziona ndi maso. Timapempha mphunzitsi kapena kholo limodzi pa ana khumi alionse, kalata za makolo, ndipo ana a pulayimale salowa m'madzi. Gulu likaposa anthu 15 timaligawa pawiri, aliyense ndi woperekeza wake, chifukwa chikhamu chachikulu padoko chimasokoneza malonda. Lamulungu sitipita.

Pobwerera timaima pa Nkhata Bay?

Nthawi ikalola ndipo gulu likagwirizana, timapatuka kukaima pa jeti mphindi 30. Pamenepa ndi pamene pa 3 Malichi 1959, boma la atsamunda litalengeza lamulo ladzidzidzi, asilikali anawombera khamu la anthu amene anasonkhana kukana kuti atsogoleri awo omangidwa atengedwe pa sitima ya Mpasa. Anthu ambiri anafera pomwepo, ndipo ndi ena mwa amene timawakumbukira pa Tsiku la Ofera Dziko chaka chilichonse. Pali chipilala cha chikumbutso. Likakhala tsiku lake, mupezanso Ilala ya masiku ano, imene yakhala ikuyenda panyanjayi kuyambira 1951, ikukweza anthu ndi katundu wa ku Likoma, Chizumulu, Usisya ndi Ruarwe.

Mtengo wake ndi zingati, ndipo ndilembetsa bwanji?

Mtengo sitiulemba pano chifukwa umasintha ndi mtengo wa mafuta. Timaulengeza pamodzi ndi tsiku la ulendo. Ndalamayo imalipira minibasi, woperekeza, amayi ophika, chakudya, ndi kangachepe kamene timasiya ku tchalitchi ndi ku komiti ya padoko. Nsomba zanu, zakumwa ndi zogula zina ndi za m'thumba mwanu.

Malo amasungidwa mukapereka theka, pamanja kapena pa Airtel Money kapena Mpamba, pasanathe Lachitatu la sabata ya ulendo, kuti amayi ophika adziwe chiwerengero nthawi ilipo. Polembetsa tiuzeni dzina, dera limene mukukhala, za chakudya ndi za thanzi monga tafotokozera pamwambapa. Mukalephera n'kutiuza pofika Lachinayi, ndalama yanu imabwezedwa kapena kusungidwira ulendo wotsatira. Mukatiuza mochedwa kuposa apo sitingathe kubweza, chifukwa ufa ndi nsomba zimakhala zitagulidwa kale, koma mutha kutumiza munthu wina m'malo mwanu. Tikasintha tsiku ndife, chifukwa cha mvula, mwera, maliro kapena kusowa kwa mafuta, mumasankha nokha kudikira kapena kulandira ndalama yanu yonse.